ALENDO ASAMANGODUTSA PA ZALEWA: ZA MAULENDO OLAWA ZAKUDYA ZAKWATHU

(Awa ndi mawu amene mmodzi wa ife, yemwe amagwira ntchito m'boma, adayankhula pa msonkhano wathu wapachaka. Tawasindikiza monga momwe mwini wake adawaperekera.)



A Mlembi atandilembera kalata yoti ndidzayankhule lero, adati mutu ndisankhe ndekha, bola ukhale wokhudza chitukuko cha kwathu kuno ku Neno. Ndikudziwa kuti munthu wa m'boma akaima pano, ambiri mumayembekezera kuti anena za msewu. Za msewu ndizisiya, pakuti palibe mwana wa ku Neno amene afunika kuphunzitsidwa za fumbi la m'chilimwe kapena matope a m'dzinja. Ine ndasankha kuyankhula za chakudya. Ndikuona ena ayamba kale kuseka pokumbukira mgaiwa ndi nyemba zofumbwa zija, koma si zimenezo ayi. Ndikufuna tikambirane za ntchito ina yokopa alendo imene anzathu m'maiko ena akupezera ndalama, imene siifuna hotela, siifuna ndege, ndipo siifuna njovu kapena mkango. Imangofuna miyendo, pakamwa, ndi amayi odziwa kuphika.

Ntchito yake imayenda motere. Munthu wodziwa bwino tauni yake amasonkhanitsa alendo ochepa, kawirikawiri osapitirira khumi ndi awiri, n'kuyenda nawo wapansi m'kati mwa tauni kwa maola atatu kapena anayi. Amaima m'malo asanu kapena asanu ndi limodzi omwe iye adapangana nawo kale. Pamalo paliponse alendowo salandira mbale yodzaza ayi, amangolawa pang'ono kuti m'mimba mutsale malo a kutsogolo. Pamene akudya, wowatsogolera uja amafotokoza: chakudyachi chimatchedwa chakuti, chimaphikidwa motere, chidabwera ndi anthu akuti, ndipo nyumba mukuionayo idamangidwa chaka chakuti. Mlendo amalipira kamodzi kokha ulendo usanayambe, ndipo wotsogolerayo ndiye amalipira ophika onse. M'mizinda ikuluikulu muli maulendo ena amadzulo omwe cholinga chake ndi kulawa zakumwa zosakaniza zija amati cocktail, kuchoka pa bala iyi kupita pa bala ina. Nkhani ya zakumwayo ndiyifika, ndipo ndikudziwa kuti a m'busa amene akhala kutsogoloku akuyidikira ndi chidwi.

Zimenezi si za ku Ulaya kokha. Ku Cape Town alendo amayendetsedwa m'dera la Bo-Kaap, kumene kuli nyumba zopaka utoto wamitundumitundu, n'kumalawa masamusa ndi timandasi tozuna totchedwa koesisters, kwinaku akumva mbiri ya akapolo amene adatengedwa kum'mawa kubwera nawo kumeneko. Ku Soweto, msewu wa Vilakazi, komwe kudali nyumba za a Nelson Mandela ndi a Desmond Tutu, wadzaza ndi malo odyera chifukwa cha alendo oyenda pansi. Ine ndidaziona ndi maso ku Zanzibar komwe ndidapita ku msonkhano wa ntchito. Tsiku lomaliza mnyamata wina adatitenga anthu asanu ndi awiri, n'kutizungulitsa m'tinjira topapatiza ta Stone Town mpaka kukafika ku Forodhani, kumene madzulo aliwonse anthu amayala matebulo m'mbali mwa nyanja n'kumawotcha nsomba. Tidamwa madzi a nzimbe ofinyira pomwepo, othira ndimu ndi jinja. Tidalawa msuzi wawo wowawasa wotchedwa urojo. Ndikuuzeni zoona, anzanga, palibe chimene ndidadya usiku umenewo choposa nkhuku ya lokolo yophikidwa ndi mayi wa ku Ligowe. Chimene mnyamata uja amagulitsa ndi nkhani, dongosolo, ndi mtima woti mlendo asaope kudya. Ndalama imene aliyense wa ife adalipira ikadagula chakudya chomwecho kangapo, koma palibe adadandaula.

Mwina wina anena kuti: zimenezo zikuyenera ku Blantyre, kumene kuli tauni yeniyeni. N'zoona, Blantyre ali ndi mwayi. Munthu angathe kuyamba pa tchalitchi cha St Michael and All Angels chomwe chidamangidwa pakati pa 1888 ndi 1891, kutsika mu Victoria Avenue, kulowa mu msika waukulu, n'kukathera ku Mandala House, nyumba ya 1882 ija. Zimenezo azichita eni ake a mu Blantyre. Ife nkhawa yathu ndi ya kuno.

Tsono tiyeni tione chimene tiri nacho. Boma lathu ndi laling'ono ndipo ndi lachichepere. Ambiri a ife pamene timalemba mayeso a Fomu 4, pa fomu timalemba kuti kwathu ndi ku Mwanza, pakuti Neno adakhala boma paokha m'chaka cha 2003. Kalembera wa 2018 adapeza kuti tiripo anthu opitirira 138,000. Koma Mulungu adatikondera pa chinthu chimodzi: m'boma limodzi laling'onoli muli maiko awiri. Kumtunda, kwa Dambe ndi ku Nsambe, kumazizira moti munthu amafunda mabulangete awiri, ndipo kumeneko kumachokera mbatatesi, kabichi, nsawawa ndi tirigu. Kumunsi, ku Lisungwi, ku Chifunga, ku Matope mpaka pa Zalewa, dzuwa lake silinyengerera, ndipo kumeneko ndi kwa malambe, bwemba, masau, nandolo ndi mbuzi. Pakatikatipo pali manachesi athu aja amene dziko lonse limawatcha a ku Mwanza, ngakhale ambiri amatsika m'mapiri a kuno. Ndi maboma angati m'Malawi muno amene angayale zonsezi pa mphasa imodzi?

Nkhani ya tirigu imandiwawa kwambiri. Pafupifupi tirigu yense amene amapangira buledi m'dziko muno amachokera kunja, ndipo tonse tidaona m'mene mtengo wa buledi udakwerera nkhondo ya ku Ukraine itabuka m'chaka cha 2022. Chikhalirecho mlimi wa kumtunda kuno amalima tirigu ndi khasu, kumweta ndi chikwakwa, kupuntha ndi ndodo, kenaka n'kusowa womugula pa mtengo wabwino. Mwana wa ku Blantyre sadziwa n'komwe kuti m'Malawi mumamera tirigu. Mukadamupatsa sikono yotentha yophikidwa ndi ufa wa tirigu wa kwa Dambe, yopaka uchi wa kuno, n'kumuonetsa ngala zake m'manja, mwanayo akadakafotokozera anzake kusukulu sabata yathunthu.

Malambe nawo ali ndi mbiri yake. Ife tidakula tikuwagenda ndi miyala ndi kuwamunga popita kodyetsa mbuzi, ndipo timawayesa chakudya cha ana ndi anyani. M'zaka za m'ma 1990, anthu a kwa Kam'mwamba, mothandizidwa ndi bungwe loona za nyama ndi zachilengedwe, adayamba kupanga juwisi wa malambe ndi wa bwemba wa m'mabotolo, pamodzi ndi kuweta nkhanga ndi njuchi, pofuna kuti anthu apeze ndalama popanda kuwotcha makala. Juwisi ameneyo adafika m'masitolo a m'tauni. M'chaka cha 2008 maiko a ku Ulaya adaloleza kuti ufa wa malambe uzigulitsidwa kwawo ngati chakudya, ndipo lero kumeneko amaugula m'timapaketi ting'onoting'ono pa mtengo woti mukaumva mutha kugwira pakamwa. Mtengo wake wa mlambe uli kuseri kwa nyumba ya agogo anu.

Funso ndi lakuti ulendo wotere tingauyambire pati. Mtima wanga ukadakonda pa boma penipeni, pakuti ndi pamene pali mphepo yabwino ndi mapiri okongola, ndipo ndi kufupi ndi mishoni zakale: ya Akatolika ya Neno yomwe ansembe a Montfort adatsegula m'chaka cha 1906, ndi ya Matandani ya a Seventh Day yomwe idayamba mu 1908. Koma malonda satsata mtima, amatsata mapazi a anthu. Mapazi a anthu ali pa Zalewa. Pamenepo ndi pamene msewu wa M1 wochokera ku Blantyre kupita ku Lilongwe umawoloka Shire, ndipo ndi pomwe umapatukana ndi msewu wa M6 wopita ku chipata cha Mwanza, ku Tete, ku Harare mpaka ku Joni. Kuchokera ku Blantyre ndi ulendo wa pafupifupi ola limodzi. Tsiku lililonse mabasi, mathiraki ndi magalimoto a mabwana amaima pamenepo. Koma taonani m'mene amaimira: mphindi zowerengeka, injini ikulira, amayi athu akuthamangira pa zenera ndi mabeseni pamutu, aliyense akutsitsa mtengo kuti apose mnzake. Wogula ali pamwamba, wogulitsa ali pansi. Basi ikanyamuka, wina amatsala asanalandire ndalama yake, wina amaponyeredwa yosakwanira. Manachesi amene sadagulidwe lero, mkucha aola. Chimene ndikufuna ine n'chakuti ena mwa anthu amenewa atsike m'galimoto, aponde dothi la Neno, akhale pa benchi, ndipo mtengo unenedwe ndi mwini chakudya.

Ndiloleni ndikuyendetseni ulendowo monga m'mene ndikuuonera m'maganizo. Tinene kuti ndi Loweruka m'mwezi wa June, nyengo ya manachesi, pamene dzuwa la pa Zalewa limakhala ndi chifundo pang'ono. Alendo asanu ndi atatu afika 9 koloko m'mawa. Mtsikana wathu wovala mwaulemu awalandira ndi madzi osamba m'manja ndi sopo, kenaka chikho cha thobwa wozizira. Asanamwe awaonetsa chimera, n'kuwauza m'mene mawere amanyikidwira mpaka kumera, kuyanikidwa, kusinjidwa, ndi chifukwa chake phala la ufa wa chimanga limasanduka lozuna chimeracho chikathiridwa. Achoka apo alowa mu msika, kwa mayi wa zitumbuwa ndi chigumu. Apita pa chiwaya, kumene mnyamata akukazinga tchipisi cha mbatatesi ya kumtunda ndi kanyenya wa mbuzi, ndipo mlendo aphunzira kudya ataimirira, ndi kamtengo m'manja, mchere ndi tsabola pambali. Pofika masana akhala pansi pa mthunzi n'kulandira kamtanda kamodzi ka nsima, nandolo wamuwisi, mkhwani wotendera ndi kachidutswa ka nkhanga kapena nkhuku ya lokolo. Pomaliza asenda okha manachesi, ndipo aliyense anyamula thumba lake lopita nalo kwawo, limene mtengo wake udawerengeredwa kale m'malipiro aja. Ulendo wonsewo sukwana makilomita awiri.

Koma chakudya chokha sichikwana. Wotsogolera ayenera kukhala ndi nkhani, ndipo pano ndi pamene aphunzitsi athu a mbiri yakale angatithandize. Mtsinje umene mlendo akuuona pansi pa mlatho uja ndi womwewo umene David Livingstone adautsata m'chaka cha 1859, n'kupeza kuti mathithi ake salola sitima kudutsa. M'chaka cha 1875 sitima ya Ilala idaphwasulidwa kumunsi kwa mathithiwo, ndipo makolo athu mazanamazana adaisenza pamutu zidutswazidutswa kukaimanganso kumtunda. Matope wathu yemweyu adali dooko lalikulu kumene katundu wochokera ku Blantyre amakwezedwa m'sitima zopita ku nyanja. Mathithi omwe adakhumudwitsa Livingstone aja ndiwo lero akuwalitsa dziko, pakuti makina oyamba a magetsi pa Nkula adayamba kugwira ntchito mu 1966. Kumtunda pang'ono kuli Luwani, kumene tidasunga abale athu othawa nkhondo ya ku Mozambique. Ambiri a ife tidaphunzira nawo ku pulayimale, ndipo ndi iwo amene adatiphunzitsa mawu angapo a Chipwitikizi ndi kakazingidwe kena ka nkhuku ya tsabola. Kampuyo idatsekedwa mu 2007, n'kudzatsegulidwanso mu 2016 anthu ena atathawanso kwawo. Ndipo sitima yaitali ya malasha ochokera ku Moatize kupita ku dooko la Nacala imadutsa m'boma lathu lomweli. Mwana wa Fomu 4 amene angafotokoze zonsezi bwinobwino m'Chichewa ndi m'Chingerezi, akumwetulira, ameneyo wapeza ntchito.

Tsopano ndifike pa zakumwa paja. Ku maiko a anzathu gawo limeneli ndi limene limabweretsa ndalama zambiri, ndipo sindibisa kuti alendo ena adzafunsa. Dziko lathu lili ndi mbiri yake pa nkhaniyi. Fakitale ya Carlsberg yomwe idatsegulidwa ku Blantyre mu 1968 inali yoyamba ya kampaniyo kunja kwa dziko la Denmark. Malawi Gin wosakaniza ndi tonic amadziwika ndi mlendo aliyense amene adagonapo ku nyanja, ndipo tonic ameneyo adayamba ngati njira yomwera kwinini, mankhwala owawa a malungo amene azungu oyamba aja sankayenda opanda. Ngakhale dzina loti kachasu, odziwa ziyankhulo amati lidachokera ku liwu la Chipwitikizi loti cachaça, mowa wa nzimbe umene anthu a ku Brazil adaukonza bwino, kuuyeza, kuutsekera m'mabotolo, ndipo lero amausakaniza ndi ndimu ndi shuga n'kumagulitsa dziko lonse lapansi. Ife kachasu wathu wa masau tidamusiya kuseri kwa nyumba.

Komabe maganizo anga ndi akuti kachasu asalowe mu ulendo umenewu, ndipo chifukwa changa si cha tchalitchi. Kachasu wa m'mudzi palibe amadziwa mphamvu yake. Botolo la lero silifanana ndi la mawa, mpope wotchezera nthawi zina umakhala wa dzimbiri, ndipo pali ena osaopa Mulungu amene amathiramo zinthu zosadziwika kuti akhale waukali. Tonse tidamva za anthu amene adamwalira mu Blantyre m'chaka cha 2024 atamwa mowa umene anthu adaupatsa dzina loti ambuye n'tengeni. Mlendo mmodzi yekha atadwala m'manja mwathu, ntchito yonse yathera pomwepo, ndipo dzina la Neno laipa. Kufikira tsiku limene wina wa ife adzatsegule malo otchezera ovomerezedwa ndi a Malawi Bureau of Standards, kachasu akhale nkhani yongofotokoza pakamwa.

Nanga tiwapatsa chiyani? Ine ndikuti zosakaniza zathu zikhale za zipatso zathu. Madzi a malambe othira uchi ndi jinja. Madzi a bwemba ozizira, othira kachidutswa ka ndimu. Madzi a manachesi ofinyira pamaso pa mlendo. Zimenezi amwa aliyense, mwana ndi wamkulu, wa Sabata ndi wa Chisilamu, dalaivala ndi wokwera. Amene akufuna kuthiramo kena kake, pamapeto pa ulendo atengeredwe pa malo amodzi okhala ndi laisensi ya khonsolo yogulitsira mowa, ndipo amene akuyendetsa galimoto asapatsidwe. Tisaiwale kuti pa Zalewa pali apolisi a pamsewu, ndipo msewu umenewu wadya kale anthu ambiri. Ndikudziwa kuti m'bungwe lathu muli ena amene sangafune kuti dzina la sukulu yathu limveke pafupi ndi botolo. Ndikuwamvetsa, ndipo n'chifukwa chake ndikuti ulendo weniweni uzithera pa manachesi paja. Zotsatira zake zikhale za mwini bala ndi mlendo wake.

Vuto lalikulu kuposa mowa ndi ukhondo. Pano tisanamizane. Mliri wa kolera umene udayamba mu March 2022 n'kupitirira mpaka 2023 udapha anthu opitirira 1,700 m'dziko muno, ndipo makhonsolo ambiri adaletsa kugulitsa zakudya zophikaphika m'misewu ndi m'misika. Amene adavutika kwambiri ndi chiletso chimenecho ndi amayi omwewa amene tikufuna kuwathandiza. Munthu wa m'tauni amene amadutsa pa Zalewa atatseka magalasi sikuti safuna kanyenya ayi, fungo lake limamukoka ndithu, koma amaopa m'mimba. Tsono chimene wotsogolera alendo akugulitsa kwenikweni ndi chitsimikizo choti pamene ndakuimitsani pano, madzi ake ndi othira klorini, mbale zatsukidwa ndi sopo, mafuta a m'chiwaya si a sabata yatha, nyama yaphedwa lero ndipo yaonedwa ndi alangizi a ziweto, ndipo chimbudzi chilipo chokhala ndi chitseko ndi madzi. Chimbudzi, anzanga. Mungaseke, koma mayi wolemekezeka wochokera ku Namiwawa sangatsike m'galimoto maola atatu pamalo popanda chimbudzi chabwino. Pakati pathu pano pali anamwino, pali alangizi a zaumoyo, pali ogwira ntchito ku khonsolo. Amenewa akadapatula Loweruka limodzi kukakhala pansi ndi amayi asanu ndi mmodzi ndi anyamata awiri a chiwaya, theka la ntchito likadatha.

Ena afunsa kuti alendowo achokera kuti, poti azungu obwera m'dziko muno amathamangira ku nyanja ndi ku Mulanje. Yankho langa ndi lakuti tisayambe ndi azungu. Tiyambe ndi Amalawi anzathu. Mu Blantyre muli mabanja ambiri amene ana awo sadaonepo mtengo wa mlambe pafupi, ndipo Loweruka amasowa kopita. Muli masukulu amene amatenga ana kukaona makina a magetsi ku Nkula, n'kubwerera osadya kanthu ka kuno. Muli ife a m'boma ndi a m'mabungwe amene timadutsa pamenepa mwezi ndi mwezi popita ku misonkhano. Kuno komweko, kuyambira 2007 pamene a Abwenzi Pa Za Umoyo adayamba kugwira ntchito ndi zipatala zathu, kumabwera madotolo ndi ophunzira ochokera kutali amene amafunitsitsa kudziwa m'mene timakhalira. Ndipo alipo alendo oyenda pa magalimoto akuluakulu olowera pa Mwanza kuchokera ku Tete. Amenewa akadzamva kwa anzawo adzabwera okha. Masomphenya a dziko lino a 2063 amatchula ntchito zokopa alendo ngati imodzi mwa njira zotukulira chuma, koma ine zaka zimene ndakhala m'maofesi zandiphunzitsa kuti chikalata sichiphika nsima. Woyamba amayamba ndi zimene ali nazo.

Pali chinthu china chimene ndiyenera kuchenjeza, pakuti ndidachiona kwina. Ntchito yotereyi ikagwidwa ndi munthu wadyera, wotsogolera alendo amalemera pamene ophika akungolandira zotsala. Amauza mayi kuti nditsitsireni mtengo poti ndikukubweretserani azungu, mayiyo n'kuvomera chifukwa cha mantha. Zimenezo ndiye kubwezera mayi uja pa zenera la basi paja. Mgwirizano wake ukhale wolembedwa, mayi alandire mtengo wake wonse tsiku lomwelo, ndipo uziunikidwanso mitengo ya zinthu ikasintha, pakuti tonse tikukumbukira m'mene ndalama ya kwacha idagwera ndi 44 peresenti mu November 2023, mafuta ophikira n'kukwera usiku umodzi. Chinanso, anthu athu si zinyama za ku Majete zoti azingojambulidwa. Mlendo apemphe kaye asanajambule munthu. Ndipo ngati wina afuna kulawa mbewa kapena ngumbi, alawe mwaulemu monga chakudya chimene ife timachikonda, osati kukagwira kumchira n'kumaseka pa Facebook. Wotsogolera wathu akhale ndi mphamvu yonena kuti ayi, bwana, kuno sititero.

Bambo Wapampando, ndikudziwa kuti m'thumba la bungwe lathu mulibe zambiri, ndipo zochepa zimene zilimo tidagwirizana kale kuti zipite ku madesiki ndi ku fizi ya ana ovutika. Sindikupempha kuti tisinthe zimenezo, ndipo a Msungichuma akhazike mtima pansi. Sindikufunanso kuti bungwe lathu likhale mwini wa malondawa. Tonse tikudziwa m'mene chigayo cha gulu chimathera: aliyense ndi bwana, palibe wothira girizi. Eni ake akhale achinyamata amene adatsiriza pa sukulu yathu ndipo ali pakhomo. Alipo ambiri. Chaka chilichonse ena amakwera basi pa Zalewa pomwepo kupita ku Joni opanda mapepala okwanira, ena n'kubwerako pa galimoto ya obwezedwa, ena m'bokosi. Ena alowa m'tchire kukawotcha makala, ndipo mapiri amene tinkatolamo masuku tiri ana lero ali mbee. Sindikunena kuti ulendo wolawa zitumbuwa uthetsa zonsezi. Ukhoza kudyetsa mabanja khumi, mwina khumi ndi asanu. Koma mabanja amenewo ali ndi maina, ndipo ena mwa iwo ndi abale a anthu amene mwakhala m'holo muno.

Chimene ndikupempha ndi ichi. A hedimasitala atisankhire anyamata awiri ndi atsikana awiri amene adachita bwino pa Chingerezi ndi mbiri yakale, koma sadapeze mwayi wopitiriza maphunziro. Aphunzitsi athu opuma awathandize kulemba nkhani zoti azifotokoza, ndipo chaka chilichonse chimene atchule chikhale chofufuzidwa, osati chongopeka. Mnzathu wina wa ku khonsolo awayendetse pa nkhani ya ziphaso za malonda ndi kulembetsa ku nthambi yoona za alendo, kuti asadzagwidwe ngati mavenda osaloledwa. Ngati mmodzi wa anawo adzaonetse luso, pamenepo tidzakambirane zomulipirira maphunziro afupiafupi ku Malawi Institute of Tourism ku Blantyre. Ine ndadzipereka kulemba kalata zonse zofunika ndi kukaonana ndi mafumu ndi komiti ya msika, pakuti pa Zalewa sitingangofika ngati tagwa kumwamba.

Kenaka alendo oyamba tikhale ife tomwe. Manachesi akadzayamba kupsa, anthu khumi a m'holo muno tidzakumane pa mlatho Loweruka lina m'mawa, aliyense ndi ndalama yake m'thumba, palibe cha alawansi. Tidzayende, tidzadye, ndipo pamapeto tidzawauze anawo mosabisa pamene pakoma ndi pamene pakufunika kukonza. Amene muli ndi magalimoto mudzatengeko anzanu a kuntchito amene sadziwa Neno. Pepala ndalisiya pa tebulo la a Mlembi pakhomo paja. Amene mukufuna kudzakhala nawo mulembe dzina, ndipo mulembenso ngati pali chakudya chimene simudya, kuti amayi akadziwiretu.